MCHENGA ULI NDI MWINI: PHUNZIRO LOCHOKERA KWA MLOLO



Palibe nyumba ya njerwa, sukulu, madrassa kapena mzikiti umene ungaime popanda mchenga. Koma pa zipangizo zonse zomangira, mchenga ndiwo wokha umene sitifunsa kumene wachokera. Simenti timayamba taona thumba lake ngati silidaume, malata timafunsa geji yake, matabwa timawatembenuza kuona ngati sadafumbwe, koma lole ya mchenga ikangokhuthula pabwalo timawerenga ndalama n'kupereka, nkhani yathera pomwepo. Ambiri a ife timaganiza kuti mchenga ulibe mwini, ndipo kuti aliyense amene ali ndi fosholo ndi mphamvu angathe kukatapa pamene wafuna ndi kugulitsa kwa amene wafuna.

Malamulo a dziko lino sagwirizana ndi maganizo amenewa, ndipo monga tione kutsogoloku, Shariya nayonso siigwirizana nawo. Kuti nkhaniyi imveke bwino, tiyeni tichoke kaye kunyanja kuno titsikire ku chigwa cha Shire, kudera la Mfumu Yaikulu Mlolo m'boma la Nsanje, kumene mchenga uli wochuluka kotero kuti munthu angadabwe kumva kuti nakonso pamafunika chilolezo.

Dziko la pakati pa mitsinje

Dera la Mlolo lili kutsidya la kum'mawa kwa mtsinje wa Shire. Kumeneko n'kumene kuli Muona, Fatima, Makhanga ndi Chiromo. Mtsinje wa Ruo, umene umachokera ku phiri la Mulanje ndi kuchita malire a dziko lino ndi Mozambique, umathira mu Shire pa Chiromo. Chakumtunda kwake kuli dambo lalikulu la Elephant Marsh, limene m'chaka cha 2017 lidalembedwa pa mndandanda wa madambo ofunika kutetezedwa pa dziko lonse lapansi. Kulinso mtsinje wa Thangadzi umene madzi ake amathirira mpunga pa sikimu ya Muona. Eni dera, Asena ndi Amang'anja, ndi alimi a mpunga, chimanga, mapira ndi mbatata za kudimba, komanso ndi asodzi monga ife tomwe.

Anthu amenewa amaidziwa bwino mphamvu ya madzi. M'chaka cha 1997 madzi adakokolola njanji ndi msewu pakati pa Bangula ndi Chiromo, ndipo kwa zaka zambiri zotsatira anthu akhala akuwoloka malowo pa mabwato. Mu Januwale 2015 Ruo adasefukira n'kudzitsegulira njira yatsopano kudutsa m'midzi ndi m'minda, kotero kuti ku Makhanga kunkafikika pa boti kapena pa ndege ya helikoputa basi. Namondwe wa Idai adabwera mu Malichi 2019, wa Ana mu Januwale 2022, ndipo wa Freddy mu Malichi 2023. Nthawi zonsezi madzi akaphwa ankasiya mchenga pamwamba pa minda ya chonde, mwina wofika m'mawondo, mwinanso kuposa apo. Mchengawo umachokera kumapiri kumene mitengo idatha, ndipo mvula ikagwa imakokolola nthaka n'kuitsitsira kuchigwa.

Tsono munthu amene munda wake wakwiririka, ana ali ndi njala, ndipo nyumba, masukulu ndi milatho zikumangidwanso m'dera lonselo, akaona mchenga uli mbwee amaona ndalama. Sitingamudzudzule chifukwa choganiza motero. Kutapa mchenga kwadyetsa mabanja ambiri, kuphatikizapo amayi amasiye ndi anyamata osowa ntchito, ndipo ndi thukuta la halali ngati litsata njira yake. Funso limene anthu amafunsa ndi lakuti: ngati mchenga ukutseka mitsinje ndi ngalande za sikimu, bwanji boma silingotilola kuti tiuchotse mmene tingathere?

Si ponse pamene mchenga ungachotsedwe

Yankho lake lagona pa malo amene munthu akukumba. Mtsinje uli ngati munthu wosenza katundu, ndipo katundu wake ndi mchenga. Pamene wautula wambiri pakati pa njira yake kapena m'ngalande yothirira, kuchotsapo mwa muyeso kumathandiza madzi kuyenda. Koma wogulitsa mchenga kawirikawiri sapita pakati pa mtsinje, chifukwa ngolo ndi lole sizifikapo. Amakumba m'mphepete, pamene pali pafupi ndi msewu, ndipo nthawi zambiri pamenepo ndi pafupi ndi mlatho. Akazula bango ndi nsenjere zimene mizu yake imagwira gombe, gombelo limagumuka madzi oyamba akangofika, ndipo munda wa mnzake umapita nawo. Akakumba pansi pa mlatho, mizati yake imatsala pamtunda ndipo imafooka.

Palinso china chimene maso saona msanga. Mukachotsa mchenga wambiri pa malo amodzi, madzi amene adutsa pamenepo amatsala opepuka, ndiye amayamba kudya pansi ndi m'mbali mwa mtsinje kumunsi kuti apezenso katundu wawo. Mtsinje ukazama, madzi a pansi pa nthaka amatsikanso, zitsime za m'madimba zimayamba kuuma msanga, ndipo amayi amene ankafukula madzi mumchenga m'mwezi wa Okutobala amawasowa. Maenje otsala amadzaza madzi, n'kukhala moswera udzudzu ndi nkhono za likodzo, ndiponso misampha imene ana amamiramo. Akuluakulu adati madzi saiwala khwawa. Pamene munthu watsegula ndi fosholo m'chilimwe, mpamene madzi adzalowere m'dzinja.

Sitikunena kuti kusefukira kwa madzi kwa Mlolo kudadza chifukwa cha okumba mchenga. Kudadza ndi mvula yamphamvu ndi kutha kwa nkhalango kumtunda. Chimene tikunena n'chakuti pa dziko losachedwa kugumuka ngati limenelo, kusiyana kwa kukumba kothandiza ndi kukumba koononga kuli pa malo, pa kuya kwake ndi pa nyengo yake. Munthu mmodzi amene akuthamangira kudzaza lole sangaweruze yekha zimenezi. N'chifukwa chake pali chilolezo.

Zimene malamulo akunena

Choyamba kudziwa n'chakuti pamaso pa lamulo mchenga uli m'gulu la chuma cha m'nthaka, pamodzi ndi miyala yomangira, dongo, laimu, malasha ndi miyala ya mtengo wapatali. Chuma chimenechi ndi cha dziko lonse. Kukhala mwini munda sikupatsa munthu ufulu wotsegula malonda a mchenga umene uli m'mundamo popanda chilolezo, ndipo mtsinje ndi gombe la nyanja si za banja limene layandikana nazo.

Lamulo la migodi la m'chaka cha 1981 linkapereka mphamvu kwa bwana DC yopereka chilolezo chokumba zinthu zomangira monga mchenga ndi miyala. Lamulolo lidalowedwa m'malo ndi lina m'chaka cha 2019, ndipo m'chaka cha 2023 Nyumba ya Malamulo idakhazikitsa linanso latsopano limene lidabweretsa bungwe loyang'anira migodi lotchedwa Mining and Minerals Regulatory Authority. M'kusintha konseku mfundo imodzi yakhalabe: wokumba wamng'ono, wa khasu, fosholo ndi wilibala, amakatenga chilolezo chake ku khonsolo ya dera limene akukumbako, pamene wokumba wamkulu, wobwera ndi makina, amafunika laisensi yochokera ku likulu. Kwa munthu wa kwa Mlolo khonsolo yake ndi ya Nsanje, monga mmene kwa ife ilili ya Mangochi, ya Salima kapena ya Nkhotakota.

Lamulo la maboma aang'ono la 1998 limapatsa makhonsolo mphamvu yopanga malamulo a m'madera awo ndi yotolera ndalama za zilolezo. Motero khonsolo ingathe kunena malo ololedwa kutapapo mchenga ndi malo oletsedwa, ndipo ingathe kulipiritsa wokumba kapena mwini lole. Ndalama zake zimasiyana boma ndi boma ndipo zimasintha, choncho ndi bwino kukafunsa ku ofesi ya khonsolo kusiyana ndi kumvera za m'maluwa.

Lamulo losamalira chilengedwe lidayamba m'chaka cha 1996, ndipo lidakonzedwanso mu 2017 pamene lidakhazikitsa bungwe la Malawi Environment Protection Authority, lija timalimva kuti MEPA. Ntchito yaikulu imene ingaononge malo siyenera kuyamba bungweli lisadaunike mmene idzakhudzire nthaka, madzi ndi anthu, ndiponso mmene mwini ntchito adzakonzere malowo akamaliza. Lamulo la madzi la 2013 lidakhazikitsa bungwe la National Water Resources Authority, limene limateteza mitsinje, nyanja ndi magombe ake. Pomaliza pali lamulo la malo a mafumu la 2016, limene lidabweretsa makomiti oona za malo m'midzi. Tikawaika pamodzi malamulo onsewa, tiona kuti mchenga wa mumtsinje umakhudza maofesi angapo nthawi imodzi, ndipo chilolezo cha ofesi imodzi sichifafaniza zofuna za inzake.

Kuyambira kwa mfumu kufikira ku khonsolo

Munthu wofuna kuchita malondawa mwachilungamo ayambire kumudzi. Akaonane ndi nyakwawa ndi eni minda yoyandikana ndi malowo, ndipo nkhaniyo ikambidwe poyera ku komiti ya chitukuko ya m'mudzi ndi ya dera lonse, kumene Mfumu Yaikulu imamva. Apa mpamene pamadziwika ngati malowo ali pafupi ndi manda, dooko, chitsime kapena njira ya ng'ombe. Koma pano ambiri amalakwitsa poganiza kuti mfumu ikavomera ndiye kuti zonse zatha. Mawu a mfumu ndi khomo loyamba, ndipo salowa m'malo mwa chikalata cha khonsolo.

Kuchoka apo apite ku khonsolo akalembetse, atchule dzina lake, malo enieni, zida zimene adzagwiritse ntchito ndi kuchuluka kwa mchenga umene akufuna kumatapa. Ku khonsolo kuli mlangizi woona za chilengedwe, ndipo ndi bwino kupempha kuti iye kapena anzake afike pa malopo adzaone ndi maso. Akalipira chilichonse alandire lisiti la khonsolo. Awerenge bwino chikalata chake, chifukwa chimatchula malo ndi nthawi imene chidzathere mphamvu. Chilolezo cha pa Thangadzi sichigwira ntchito pa Ruo, ndipo cha chaka chatha si cha chaka chino.

Tikudziwa kuti kwa munthu wa kutsidya la kum'mawa ulendo wa ku boma la Nsanje ndi wautali ndi wodula, makamaka nthawi ya dzinja. Njira yochepetsera vutoli ndiyo kugwirizana. Okumba khumi kapena makumi awiri akapanga gulu, n'kusankha atsogoleri ndi kusonkha ya ulendo, amamveka msanga kuposa munthu mmodzi, amatha kugwirizana mtengo umodzi kuti eni malole asawadyere masuku pamutu, ndiponso amatha kudzudzulana wina akayamba kukumba gombe. Nawonso makhonsolo ali ndi udindo wofikitsa ntchitoyi pafupi ndi anthu, wolengeza poyera mitengo ya zilolezo, ndi woonetsa chimene ndalamazo zagwira. Anthu akaona kuti msewu umene malole adaukumba wakonzedwa, salimbalimba polipira.

Ndipo pali njira yachidule imene Msilamu sayenera kuiyandikira, ndiyo ya chiphuphu. Kupereka kangachepe kwa wina kuti atseke maso lole ikamadutsa usiku ndi mlandu pa lamulo lothana ndi ziphuphu la 1995, ndipo m'Chisilamu tchimo lake limagwera wopereka ndi wolandira yemwe.

Zimene ma Ulama adaphunzitsa

Wina angaganize kuti nkhani ya zilolezo ndi ya boma chabe, yosakhudza Dini. Koma ma Ulama a Fiqh adaikamba kalekale. Ma Imam Abu Dawud ndi Tirmidhi adasunga nkhani ya Swahaba wina wa ku Yemen, Abyadh bin Hammal, amene adapempha Mtumiki Muhammad (SAW) kuti ampatse malo a mchere a ku Ma'rib akhale akeake. Mtumiki (SAW) adavomera, koma atauzidwa kuti mcherewo uli ngati madzi osaphwa amene anthu onse amadalira, adabweza mphatsoyo. Kuchokera pa nkhani imeneyi ma Ulama adaphunzitsa kuti chuma chimene chili poyera, chotapidwa popanda ntchito yaikulu ndiponso chofunika kwa onse, munthu mmodzi sangachitsekere anzake. A Madh-hab a Imam Malik adafika ponena kuti chuma cha m'nthaka chili m'manja mwa wolamulira, kuti achiyendetse mokomera anthu onse.

Mabuku a Fiqh amakambanso za harim, ndiko kuti malo ozungulira chitsime kapena a m'mbali mwa mtsinje amene saloledwa kulandidwa kapena kuonongedwa, chifukwa madziwo sangakhale bwino popanda malowo. Amakambanso za hima, malo amene mtsogoleri amawapatula kuti apindulire onse, monga mmene Mtumiki (SAW) adapatulira dera la Naqi kufupi ndi Madina. Choncho khonsolo ikanena kuti pa gombe lakutilakuti pasakumbidwe, ikuchita chinthu chimene Asilamu adachidziwa zaka zoposa 1,400 zapitazo. Kumvera lamulo lotere, limene silitilamula kunyoza Allah koma likutchinjiriza anzathu ku chionongeko, ndi gawo la amana imene tidasenzetsedwa pa dziko lino.

Malonda enieniwo alinso ndi malamulo ake. Wogulitsa adzaze muyeso umene adagwirizana, kaya ndi wilibala, ngolo kapena lole. Asabise dothi pansi n'kuwaza mchenga wabwino pamwamba, pakuti mchenga wa dothi umafooketsa simenti ndipo khoma limene lidzagwere ana a wogula lidzafunsidwa kwa iye. Nayenso mwini lole alipire anyamata opakira pa nthawi yake ndi mokwanira.

Tibwerere kunyanja kwathu

Bungwe la United Nations loona za chilengedwe lidanena m'chaka cha 2022 kuti dziko lapansi limagwiritsa ntchito matani 50 biliyoni a mchenga ndi miyala ing'onoing'ono chaka chilichonse, ndipo kupatula madzi palibe chinthu china cha chilengedwe chimene anthu amatapa chochuluka chotere. Mchenga wa m'chipululu suthandiza kwenikweni pomanga chifukwa mphepo idausalaza, motero maso a omanga onse ali pa mitsinje ndi magombe. Kuno kwathu, kuyambira m'chaka cha 2018 malamulo a zomangamanga akhala akuletsa njerwa zootcha pa nyumba za boma ndi ntchito zikuluzikulu pofuna kupulumutsa mitengo. Cholingacho n'chabwino, koma mabuloko a simenti amene adalowa m'malo mwake amadya mchenga wambiri. Kufunika kwa mchenga kukukwera, ndipo malole afika kale pa magombe a Salima ndi Mangochi.

Kwa ife gombe ndi pokokera makoka, poimika mabwato, poika matandala a usipa, pochapira ndi potungira madzi. Mchenga wa m'madzi osaya ndi pamene chambo chachimuna chimakumba zisa zake nthawi yoswana. Gombe likakumbidwa mafunde a mwera amalowa mpaka kumene kuli nyumba, ndipo taona m'zaka zaposachedwapa mmene nyanja ikakwera imamizira nyumba za m'mphepete. Zimene Ruo amachita kwa Mlolo m'masiku atatu, nyanja imazichita pang'onopang'ono, koma mathero ake ndi amodzi.

Tikumbukirenso kuti mchenga wina uli ndi chuma chobisika. Mchenga wakuda wa ku Makanjira m'boma la Mangochi, wa m'mbali mwa nyanja ku Salima ndi wa kwa Tengani ku Nsanje uli ndi miyala ya mtengo wapatali imene mafakitale akunja amaifuna. Chilolezo cha mchenga womangira sichipatsa munthu ufulu wotenga mchenga wotere. Mudzi ukaona alendo akupakira mchenga wakuda uli ndi ufulu wonse wofunsa mapepala awo ndi kukanena ku khonsolo.

Udindo wa banja ndi wa komiti ya mzikiti

Malonda osatsata lamulo amakhalapo chifukwa pali wogula amene safunsa. Ife Asilamu timamanga kwambiri: mizikiti, madrassa, nyumba za ana amasiye ndi nyumba zathu, zambiri mwa izo ndi ndalama za sadaka kapena zimene ana athu atumiza kuchokera ku Joni. Komiti imene ikumanga nyumba ya Allah iyenera kufunsa mwini lole kumene watapa mchengawo ndi kuona chikalata chake cha khonsolo, monga mmene timafunsira amene wazinga mbuzi tisadagule nyama. Safunsa adadya phula. Mchenga wokhala ndi mapepala ungathe kukwererapo mtengo pang'ono, koma sikoyenera kuti khoma la mzikiti liime pa mchenga umene wagwetsa munda wa mayi wamasiye.

Makolo tiyang'anenso ana athu. Aphunzitsi a madrassa timadziwa kuti malole akayamba kufika pa dooko, mipando ya anyamata imayamba kukhala yopanda anthu. Mwana wa zaka khumi ndi ziwiri amene walawa ndalama ya kupakira mchenga savutika kuiwala sukulu ndi madrassa, ndipo ntchitoyo ndi yoopsa, pakuti dzenje la mchenga limagumuka mosachenjeza. Ntchito imeneyi ndi ya akuluakulu.

Ma Sheikh athu angathandize poikamba nkhaniyi pa Ijumaa, ndipo amene ali m'makomiti a chitukuko aifikitse kwa mafumu ndi makhansala, kuti mudzi uliwonse udziwe malo ololedwa kutapapo ndi malo oletsedwa malole asadabwere. Wokumba amene alibe chilolezo tisamuthamangitse ngati mbala, koma timuperekeze ku khonsolo kuti rizki lake likhale loyera ndi lokhalitsa. Abale athu a kwa Mlolo adaona minda imene makolo awo adalima ikusanduka njira ya madzi usiku umodzi, ndipo gombe limene lapita silibwerera m'moyo wa munthu mmodzi.

Tikupempha Allah (SWT) kuti awapatse chipiriro ndi chitetezo anthu onse a m'chigwa cha Shire, adalitse ntchito za manja athu, ndipo atipange kukhala osunga bwino nthaka ndi madzi zimene tidzasiyire ana athu. Ameen.